Wonyamula Mawu Pakati pa Nyumba Ziwiri

Ndinayamba kulemba za chikondi ndili kalaliki pa boma la Chitipa, ndipo wondiyambitsa anali wapolisi wina wa ku Mulanje amene ankalengeza misozi akamadya nthochi. Ankati nthochi za ku Misuku zimanunkhira ngati za kuseri kwa nyumba ya mkazi wake. Ife tinkamuseka, iye n'kumasenda ina.

Masana tinkadyera limodzi pa kalesitilanti kena kuseri kwa msika, ife a m'maofesi: apolisi, a za malire, a misonkho, ndi ine mwana wa konkuno. Ambiri anali ochokera kummwera, mabanja anawasiya kutali, ndipo kutumizidwa ku Chitipa ankakuyesa chilango. Akakhuta ankayamba kudandaula. Wina ankati mkazi wake wasiya kufunsa zoti abwera liti. Wina ankati atapita kutchuthi, mwana wake anamulonjera kuti amalume. Ine ndinkangotchera khutu, madzulo n'kukazilemba, ndikusintha apa ndi apo kuti mwini nkhani asadzizindikire. Aphunzitsi kusukulu ankati zolemba zotere ndi chimangirizo. Dzina limenelo limandikumbutsa choko ndi mkwapulo, choncho ine ndimangoti nkhani zanga.

Nyuzipepala ina yotuluka kumapeto kwa sabata inayamba kuzisindikiza. Mkonzi wake anali mayi wa ku Blantyre amene ndinkangomudziwa mawu pafoni. Kenaka ndinatsegula tsamba pa intaneti, ndipo anthu osawadziwa anayamba kundilembera, akazi amasiye, asilikali, anamwino a m'zipatala za kumidzi, onse kundiuza kuti ndalemba za iwo. Mutu unandikula. Ndinayamba kuyenda ndi cholembera m'thumba la malaya ngakhale popita kukagula sopo.

Nthawi imeneyo n'kuti mayi anga atamwalira kumene. Kwathu ndi ku Misuku, pakhonde la phiri, ndipo pakhomo pathu pali nyumba ziwiri zoyang'anizana: ya bambo anga kumtunda, yanga kumunsi, pakati bwalo loyanikapo nyemba. Alongo anga onse anakwatiwa kutali. Maliro atatha, mkazi wanga ndi amene ananena yekha kuti asabwerere nane ku boma. Khofi ankafuna munthu, bambo ankafuna wowaphikira, ndipo mawondo awo anali atayamba kale kukana zitunda. Ndinamuthokoza, n'kukwera njinga yamoto kubwerera kuntchito.

Koma panali vuto limene tonse atatu tinkalidziwa, popanda wolitchula. Kwathu, m'mabanja amene akusungabe zakale, mkazi wa mwana sayang'anizana ndi apongozi ake aamuna. Salankhula nawo, salowa m'nyumba iwo ali momwemo, satchula dzina lawo. Akakumana nawo panjira amapatukira m'mbali, n'kufulatira, n'kukokera nsalu kumaso. Si chidani ayi, ndi ulemu, ndipo amene amausunga amanyadira. Mabanja ambiri a kutchalitchi kwathu anasiya kalekale zimenezi. Koma mkazi wanga analeredwa ndi agogo ouma mutu, ndipo bambo anga ndi munthu amene amavula chipewa ngakhale polonjera pafoni. Mayi ali moyo zinthu zinkayenda, chifukwa mawu onse ankadutsira mwa iwo. Atapita, pabwalo paja panatsala anthu awiri okha, ndipo sakanatha kupatsana ngakhale moni.

Anapeza njira zawo. Bambo akamatuluka ankatsokomola kuti iye adziwe. Chakudya ankachiika pachitsa pafupi ndi khomo lawo, n'kugogoda mbale ndi supuni, n'kubwerera msanga. Zina zonse zinkadutsira mwa ine. Netiweki kwathu imagwira pamwala umodzi wokha, pamwamba pa munda wa khofi. Bambo ankakwerako m'mawa, mkazi wanga masana, kuti asakumane.

"Mwaghona, mwana wane," bambo ankandilonjera pafoni m'chilankhulo cha kwathu, ine ndili pa desiki. "Umuuze mkazi wako kuti khofi wa kumunsi wafiira chomene. Ndiponso masamba a dzulo anali abwino, koma mchere achepetseko pachoko."

Masana foni inkaliranso.

"Muwauze adada kuti bulangeti lawo ndachapa, lili pachingwe. Ndipo azimwa mankhwala a mawondo. Botolo ndikuliona pazenera, silikutsika yayi."

Mawu ankachoka pakhomo pathu, kutsika mapiri onse aja mpaka ku boma, n'kukweranso kukafika kwa munthu amene ankamva mnzake akuyetsemula. Poyamba ndinkaseka. Kenaka ndinaona kuti apa pali nkhani, ndipo ndinailemba.

Ndinaitcha nkhani ya nyumba ziwiri. Sindinatchule dzina la munthu, koma ndinaikamo zonse, kutsokomola kuja, supuni ija, mwala uja. Ndinaikamo zoti nkhalamba ija ikadya imatsuka yokha mbale n'kuikamo peyala limodzi lakupsa, ngati zikomo wake. Ndinaikamo zoti mkazi uja, pokhala wopanda wocheza naye, amakalipira nkhuku ngati ana, iliyonse ndi mlandu wake. Palibe nkhani yanga imene inayenda ngati imeneyo. Anaiwerenga pawailesi. Wapolisi wa ku Mulanje uja anandigwira dzanja osalisiya. Mkonzi anaimba m'mawa Lolemba.

"Bambo, awiri aja a kumapiri anthu awakonda. Musawataye. Tipatseni ina."

Ndinapereka ina, n'kuperekanso ina. Anzanga a m'maofesi aja ndinasiya kuwamvetsera, chifukwa mgodi ndinali nawo kunyumba.

Tsono mwambo uja uli ndi khomo lotulukira. Mpongozi akakhalitsa pabanja, kapena pakakhala chifukwa chachikulu, apongozi aamuna amamupatsa mbuzi pamaso pa azakhali, n'kumutcha mwana wawo, ndipo kuyambira pamenepo amalankhulana ngati bambo ndi mwana. Koma m'banja mwathu woyambitsa amayenera kukhala mwamuna wa mkaziyo. Iye ndi amene amakhala pansi pakati pa awiriwo n'kupempha. Nkhalamba siingayambe, angaiyese yopanda ulemu. Mkazi sangayambe, angamuyese wosaleredwa. Kiyi anali m'thumba mwanga.

Bambo sanandiuze mwachindunji. Anangoti tsiku lina, "Kambuzi kakuda kaja ndakapatula, sindigulitsa." Ndinamva bwinobwino chimene ankatanthauza, koma ndinayankha za mtengo wa fetereza. Azakhali anga, alongo awo a bambo amene amakhala kutsidya kwa chigwa, iwo alibe zozungulira. Anandipeza pamaliro ena n'kundikokera kuseri kwa nthochi.

"Iwe, ukudikira chiyani? Ufuna mlongo wanga afe asanamve mawu a munthu amene akumuphikira?"

Ndinati ndikudikira tithyole khofi kaye. Khofi atatha ndinati mvula yawononga msewu. Msewu utauma ndinati kuntchito kwachuluka zochita. Zifukwa zonsezi zinali zoona, ndipo n'chifukwa chake zinkandithandiza. Ndinkabwera kumudzi kamodzikamodzi, kugona usiku umodzi, kudya ndi bambo kumtunda, kugona kumunsi, m'mawa n'kuthawa. Kukhala nawo pansi sikukanatenga ngakhale theka la tsiku. Koma tsiku lina ndili panjinga yamoto, tikutsetsereka kulowera ku Kapoka, ganizo linandifikira loyera ngati mbale yotsuka: awiriwa akayamba kulankhulana, ine ndidzalemba chiyani? Ndinachita manyazi mpaka ndinayang'ana kumbuyo ngati pali amene wamva. Manyaziwo sanandibweze. Ndinafika ku boma n'kulemba nkhani ina.

Mkazi wanga amawerenga Chichewa kuposa ine, ndipo nyuzipepala inkafika kumudzi kudzera mwa aphunzitsi. Sanandikalipirepo. Anangonena kamodzi, ali pamwala paja, mphepo ikusokosera m'foni.

"Kogayitsa khofi azimayi akundifunsa ngati n'zoona kuti ndimayankhula ndi nkhuku."

Ndinaseka. Ndinati ndiye kuti watchuka, anthu a ku Blantyre akumudziwa. Iye anangoti ndiwauze adada kuti sopo wawo ali pachitsa.

Mafoni aja anayamba kunditopetsa. Ndikakhala pakati pa chiganizo chokoma, chonena za mtima wa munthu wosiyidwa yekha, foni inkalira, n'kukhala nkhani ya mchere. Ndinaphunzira kuizimitsa polemba. Ndikaiyatsa ndinkapereka mauthenga onse nthawi imodzi, ena nditaiwala, ena nditafupikitsa. Bambo akati, "Umuuze kuti Chiuta amudalitse, chimanga wapalira ngati mwanalume," ine ndinkangofikitsa kuti, "Adada akuti zikomo." Zimenezi zimandiwawa kuposa zina zambiri. Mawu okoma amene nkhalamba inakwera nawo phiri ndi mawondo otupa ndinkawadula, koma Loweruka ankatuluka onse m'nyuzipepala.

Kenaka kunabwera za buku. Anthu ena anasonkhanitsa nkhani zanga, ndipo anandiitana ku Lilongwe kuti ndikawerenge pamaso pa anthu tsiku lolitulutsa. Ndinadutsira kumudzi sabata imodzi m'mbuyo mwake kukatenga jekete. Mkazi wanga anaisita, n'kuipinda, n'kuima pakhomo ngati ali ndi mawu. Ndinamufunsa ngati pali kanthu. Anati ndipite kaye, tidzakamba ndikabwera. Wanjinga anali akuliza belu kumsewu, ndipo sindinafunsenso kachiwiri.

Holo ya ku Lilongwe inali yozizira, ya mipando yofewa. Ndisanakwere kutsogolo ndinazimitsa foni n'kuiika m'thumba la jekete. Ndinawerenga nkhani ya nyumba ziwiri. Pofika pa peyala lija, mayi wina wa pamzere woyamba anavula magalasi n'kupukuta m'maso, ndipo ine mumtima ndinasangalala kwambiri. Mnyamata wina wa kukoleji anafunsa kuti ndimadziwa bwanji kusungulumwa mozama chonchi. Ndinayankha kuti wolemba ayenera kumvetsera. Anawomba m'manja. Panali tiyi, panali zithunzi, panali kusaina mabuku mpaka dzanja kuwawa, ndipo foni ndinaikumbuka dzuwa litalowa.

Nditaiyatsa panabwera mauthenga otsatizana onena kuti bambo anayesa kundiimbira. Ndinaimba, osalowa. Ndinaimbira mkazi wanga, osalowa. Ndinadziuza kuti ndi za mchere. M'mawa mwake ndi pamene azakhali anandipeza pafoni.

"Mkazi wako ali kuchipatala. Ali moyo. Usafunse zambiri, kwera basi."

Amene anayendapo ulendo umenewo akudziwa kutalika kwake, Mzuzu, Chiweta, Karonga, kenaka kukwera. Ndinali ndi katoni ya mabuku pamiyendo, nkhope yanga ili pachikuto chakumbuyo cha lililonse. Ndinafika kumudzi tsiku linalo masana, ndipo mkazi wanga anali atamutulutsa kale kuchipatala.

Nditatulukira pabwalo ndinaima. Bambo anali pakhonde la nyumba yanga, pampando, chipewa chili pabondo. Chitseko chinali chotsegula. Mkati, pamphasa pafupi ndi khomo, mkazi wanga anali atatsamira khoma, nkhope yosaphimba, ndipo ankalankhulana. Bambo ankamufotokozera za mtengo wina wa khofi umene mayi anabzala, iye n'kumafunsa mafunso. Atandiona anasiya.

Ndinalonjera. Ndinagwada pafupi ndi mkazi wanga, ndinamugwira dzanja, linali lozizira. Palibe amene anandifunsa kanthu, koma pakamwa panga panatuluka mawu okha.

"Foni inatha batire."

Mkazi wanga anayang'ana pansi. Bambo anavala chipewa, n'kutenga ndodo.

"Tiye ukaone khofi," anatero.

Tinayenda pang'onopang'ono, chifukwa tsopano ankakoka mwendo umodzi. Pakati pa munda anakhala pamzere wa miyala n'kundiuza zonse, osakweza mawu.

Tsiku lija anthu onse a m'mudzi anali kumaliro kutsidya. Bambo anatsala chifukwa cha mawondo, ankadulira khofi pafupi ndi nyumba. Masana anamva kubuula m'nyumba ya kumunsi. Anapita pabwalo n'kutsokomola. Palibe anayankha. Anatsokomolanso. Kenaka analankhula moyang'ana khoma, ngati akufunsa nyumbayo, kuti kodi muno muli bwino? Anangomva kupuma. Ndiye anakwera kumwala kuja kuti andiimbire, ine ndimuimbire iye, kapena ndiwauze chochita.

"Ndinaimba, ndinaimba. Kamayi ka m'foni kankangoti sukupezeka. Ndinakhala pamwalapo ngati chindere, ndikudikira mwana wanga andipatse chilolezo. Nthawi imene ndinataya pamenepo ndi imene ikundilanda tulo."

Anatsika. Anaima pakhomo. Kenaka anakankha chitseko n'kulowa. Anamupeza pansi, magazi ali ponseponse, ndipo ngakhale anali choncho, atawaona anakokera nsalu kumaso n'kuyesa kutembenukira kukhoma. Mawu oyamba amene mkazi wanga analankhula kwa bambo anga, pa zaka zonse za ukwati wathu, anali akuti, "Pepani, adada." Iwo anamuchotsa nsaluyo kumaso, anamubereka kumsana, n'kutsika naye kanjira koterera kaja mpaka kumsewu, kumene anaimitsa njinga yamoto.

"Anali ndi pakati, mwana wane. Papita padera."

Ndinagwira nthambi ya khofi. Tinali titadikira mwana zaka zambiri, mpaka tinasiya kukambapo.

"Ndikudziwa kuti sunadziwe," bambo anapitiriza. "Ndinamufunsa kuchipatala kuti bwanji sanakuuze. Akuti ankafuna adikire miyezi ipiteko, akauze amayi ake kaye ndi pakamwa pake. Akuti akanakuuza iwe, anthu a ku Blantyre akanamva amayi ake asanamve."

Ndinayamba kunena za mbuzi, kuti mawa lomwe tiitane azakhali, ndikhale pansi ndipemphe monga mwa mwambo. Bambo anandiyang'ana kwa nthawi, osati mokwiya.

"Mbuzi ndinamupatsa dzulo, titangobwerako kuchipatala. Azakhali ako analipo. Iwo anati munthu amene wamubereka kumsana sufunanso wina woti akupemphere. Sitinakudikire."

Ndinakhala kumudzi masabata angapo. Ndinkatunga madzi, ndinkawaza nkhuni molakwika mpaka matuza, ndipo madzulo tinkadya tonse atatu pakhonde limodzi. Awiriwo anali ndi nkhani zambiri zosungidwa. Ankakambirana za mayi, za nkhuku, za mchere, n'kumaseka zinthu zimene aliyense ankaona pazenera mnzake osadziwa. Bambo anamuuzanso mawu onse amene ankanditumiza, athunthu, ndipo ena mwa iwo mkazi wanga ankawamva koyamba. Akawamva ankandiyang'ana pang'ono chabe, n'kupitiriza kudya. Ine ndinkangokhala pamenepo ndi mbale yanga.

Nditabwerera ku boma foni inasiya kulira. Panalibenso chifukwa choti wina akwere kumwala. Ndinkaiika pa desiki, yoyatsa, ndikuiyang'ana, ndipo m'chipinda changa cha lendi ndinayamba kumva zimene ndinkaphunzitsa anthu m'nyuzipepala. Sizinali zokoma ngati mmene ndinkazilembera. Mkonzi anaimba kangapo kufunsa za awiri aja a kumapiri. Ndinati akulankhulana tsopano. Anati imeneyo ndiye nkhani, anthu akondwa, ndilembe msanga. Ndinati ndiona. Mabuku aja anagulidwa ndithu, ndipo mpaka lero pali amene amandilembera kuti ndinapulumutsa ukwati wawo. Ndimawayankha mwaulemu.

Ndinakhala nthawi yaitali osalemba kanthu. Loweruka lililonse ndinkakwera kumudzi, mvula kapena dzuwa. Mkazi wanga anachira thupi. Ankandilandira bwino, ankandiphikira, koma nkhani zake zenizeni ankakamba kumtunda, kwa bambo. Za mwana uja sitinakambepo awiriwiri, ndipo za batire palibe anazitchula.

Koma dzanja lozolowera limayabwa. Ndinayamba kumva ziganizo zikudzipanga zokha m'mutu, za nkhalamba yotsika phiri ndi mpongozi kumsana, ndipo ndinadzida chifukwa zinali ziganizo zabwino. Ndinaganiza kuti ulendo uno ndichite chimene sindinachitepo chiyambire, ndipemphe kaye mwini nkhani.

Ndinamupeza kuseri kwa nyumba akusankha khofi wouma palichero. Ndinakhala pansi pafupi naye. Ndinazungulirazungulira, za ntchito yanga, za anthu amene zolemba zimawathandiza, kenaka ndinafunsa ngati angandilole kulemba zimene zinachitika. Ndinati akakana sindilemba, ndipo ndinkanena zoona.

Anapitiriza kusankha, kutaya njere zakuda pambali.

"Amayi anga ndinawauza kale," anatero. "Lembani."

Ndinayamba kuthokoza, koma anakweza dzanja, osandiyang'ana.

"Koma mulembe zonse. Mulembe kuti batire silinathe. Munazimitsa nokha."